Za "uchi wa mawu" wa pa Kamuzu Road: mwapenga kodi?

Ndakhala ndikumva mphekesera chabe, koma Loweruka ndadzionera ndekha, ndipo mpaka pano mtima sunakhale m'malo. Ndimadikira galimoto ya ku Senga Bay pa Kamuzu Road pomwe ndinaona anthu ataunjikana kuseri kwa amayi ogulitsa usipa. Ndimayesa wakabaza wagunda mwana. Ayi ndithu. Mnyamata wovala jekete padzuwa la Salima lino, wayala chiguduli, wandandalika timabotolo tomwe munali mankhwala a chifuwa, todzaza zinthu zofiirira zonanda. Ati umenewu ndi uchi wa mawu. Ati si muzu, si khungwa, ndi mawu enieni amoyo, otapidwa pakamwa pa nkhalamba zisanatsirizike. Ati umapuma, umamva njala, ndiye m'mawa uliwonse uziunong'oneza kuti udye. Ukanyambita kadontho, kubwalo mlandu ukukomera, mkazi sakukana, amene unamukongola ndalama aiwala yekha.

Ndiye azibambo a ndevu zawo kumalandizana botolo, kuliika kukhutu, n'kumagwedeza mutu kuti, "Eee, zikuyankhuladi!" Abale anzanga, mwabadwira kunyanja konkuno, simunaikepo chigoba cha nkhono kukhutu muli ana? Ndi botolo liti losalira mwera ukamaomba? Wina ati taonani thovu, ukupuma. Thobwa la masiku atatu silichita thovu? Nalonso tiziligwadira n'kulipatsa moni?

K15,000 kabotolo kamodzi. Ndinaona mnyamata wakabaza akuwerenga ndalama zonyowa ndi thukuta, zopalasira sabata yonse. Ndinaona mayi wa mpunga wa ku Lifuwu akumasula mfundo ya chitenje, mwana ali kumsana, wopanda ngakhale chipewa. Mudya chiyani kunyumbako? Mupaka uchiwo pansima? Safunsa anadya phula, koma iyeyo phulalo sanalipire.

Ine ndinamufunsa mwini katunduyo funso limodzi: ngati kadontho kamafewetsa mtima wa munthu aliyense, bwanji iwe osanyambita botolo lonse n'kukalankhula ndi a kubanki, m'malo mopsa ndi dzuwa pafumbi pano? Anachita chibwibwi. Mwini uchi wa mawu kusowa mawu! Koma amene anandikalipira ndi ogulawo, ati agogo pitani, musatitsekere mwayi.

Zikanathera pa kuberedwa ndalama ndikanangoseka n'kukwera galimoto yanga. Chandidzutsa usiku kuti ndilembe ndi china. Mnyamatayo amauza ogula kuti uchiwo umanenepa ukaudyetsa dzina la munthu amene ukudana naye. Ndipo ndinamva ndi makutu angawa mtsikana, msinkhu wa mdzukulu wanga, akunong'oneza m'botolo dzina la azakhali ake, anzake ali gwaa kuseka. Azakhali ako! Amene anakusambitsa uli khanda! Mawa akadwala malungo, amene anakumva uja akanena chiyani pamjigo? Mwana wako akatentha thupi, sudzati azakhali abweza? Kenako tidzamva kuti nyumba ya nkhalamba yatenthedwa. Mukuyesa zimayamba bwanji zimenezi?

Mwaiwala kale za 2017? Mawu amodzi okha, anamapopa, anayenda Mulanje, Phalombe, Thyolo mpaka Blantyre, ndipo anthu anaphedwa ndi miyala, ena kuwotchedwa. Wopopa magazi anamugwira ndani? Palibe. Anapha anthu ndi mawu, opanda botolo, opanda mtengo wogulira. Nthawi imeneyo ena mwa inu munali kutumizirana mauthenga pa WhatsApp ngati mukugawa mbewu. Lero mukulipira kuti mugule mawu amoyo, ngati amene ali mkamwa mwanuwo ndi akufa.

Ife tinakula tikudziwa kuti mawu sawola. Kholo likakutemberera, sikunali kogona mpaka mutakhala pansi ndi akuluakulu, iwe kupepesa, ilo n'kubweza mawu ake pamaso pa anthu. Munthu sankalumbira pa manda a amake chifukwa cha machesi. Lero mwana wa sukulu akuti "pali mayi anga kumanda" pa nkhani ya mpira, amake ali moyo, akuphika kunyumba. Mkazi akuuza mwana wake kuti "sudzaona zabwino" chifukwa waswa mbale. Bambo akutukwana mkazi wake pagulu la pa Facebook, kenako ati ndafufuta. Wafufuta kuti? M'mitima ya apongozi ako?

Mukufuna kuona mawu amoyo? Pitani ku Mbenji. Chilumba chija chilibe mpanda wa waya. Mfumu Makanjira ndi akuluakulu ake akanena kuti chatsekedwa mu Disembala, asodzi amasamuka, nsomba zimaswana mpaka chidzatsegulidwe mu Epulo. Akati mowa ayi, juga ayi, chamba ayi, wophwanya amathamangitsidwa. Mawu amenewo adyetsa mabanja zaka zambirimbiri, ndipo palibe anawathira m'kabotolo ka mankhwala a chifuwa.

Komanso musayese boma lilibe chonena. Lamulo la zaufiti la 1911 lilipobe: kuloza munthu chala kuti ndi mfiti ndi mlandu, kudzionetsa kuti uli ndi mphamvu zaufiti ndi mlandunso. Wajekete uja, tsiku lomwe apolisi adzabwere, adzakhala atakwera kale ya ku Dwangwa, mwina ya ku Lilongwe, akugulitsa zomwezo ndi dzina lina. Kupolisi mudzatsala inu. Mudzanyambite bwino kadontho kanu musanalowe kwa woweruza, tidzaone.

Sindinenanso za kuika mkamwa chinthu chosadziwika kuti anasakanizira chiyani, m'chidebe chanji, ndi madzi a kuti. Kolera wa 2022 ndi 2023 sanakuphunzitseni kanthu kunyanja kuno?

Inu a mipingo ndi a mizikiti, mafumu, a komiti ya msika amene mumatolera ndalama ngakhale kwa wogulitsa zitumbuwa, munthu ameneyu simunamuone? Kapena nanunso muli ndi kabotolo kanu pansi pa pilo?

Amene mwagula, katayeni m'chimbudzi lero lomwe. Ndipo iwe mtsikana wa chitenje chobiriwira, ukudzidziwa. Nyamuka ukapepese azakhali ako ndi pakamwa pako.