Update yolemetsa makina si update

Ndakwiya, ndipo sindibisa. Dzulo usiku ndinali pa laputopu yanga yakale kumaliza biti ya mnyamata wina woimba, pulogalamu ina nkundiuza kuti pali update, akuti zinthu ziziyenda mwachangu. Ndinadina. Lero ndikangoyika ma plugin atatu, timapulogalamu tokometsera mawu a nyimbo, nyimbo ikungothetheka ngati mbuliwuli m'chiwaya. Ndapita nayo kwa okonza, mnyamata wake akuti, "Madala, ingogulani ina basi." Ndigule ndi chiyani?

Update yeniyeni imapepukitsa makina amene uli nawo kale. Ikawalemetsa, imeneyo si update, ndi katundu amene akutisenzetsa. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere.

Ndipo musatiuze kuti sizitheka, tinaziona ndi maso. Mu 2013 Android 4.4 KitKat anaipanga dala kuti iziyenda pa foni za RAM (memori yogwirira ntchito) ya 512 MB yokha, foni zotchipa zomwe ambiri tinkagwira. Mu 2018 iOS 12, pulogalamu yoyendetsa ma iPhone, inafika mpaka pa iPhone 5s, foni ya zaka zisanu, ndipo foni zakale zinayamba kutsegula zinthu msanga kuposa kale. Nanga anthu wamba aja, ogwira ntchito popanda malipiro? CyanogenMod, Android yokonzedwanso ndi anthu amenewa, inkapatsa moyo foni zimene eni ake opanga anazitaya kale, ndipo itatha kumapeto kwa 2016 ena anapitiriza ndi LineageOS. Okonda nyimbo anali ndi pulogalamu ya Rockbox: ukayiika pa kachipangizo komvera nyimbo ngati iPod kapena Sansa yakale, kachipangizo kaja kankayamba kuimba FLAC, mtundu wa mafayilo a nyimbo osataya ubwino wa mawu, chinthu chimene iPod sinkatha pamene unkayigula. Zimenezo ndiye update. Makina omwewo, ntchito yochuluka.

Lero zasanduka zokuthamangitsira ku shopu. Kaya ndi ulesi wa olemba mapulogalamu, kaya akufuna tizigula zatsopano chaka ndi chaka, ine sizikundikhudza. Chimene ndikudziwa n'chakuti laputopu imene dzana inkanyamula nyimbo yonse lero ikupuma wefuwefu, pomwe palibe chimene chawonongeka m'kati mwake. Sinakalambe usiku umodzi. Aikalambitsa.

China chondiwawa ndi bandulo. Update ya dzuloyi yandidyera ma GB pafupifupi awiri, osandifunsa n'komwe, ndalama yanga yogulira ndiwo. Walipira kuti makina ako awonongeke! Mnyamata woimba uja akufuna biti yake Loweruka.