Dzina lawo ndi James Hong, si "m'dala uja" ayi

Abale, pali zolankhula zina zimandiwawa mpaka m'mafupa. Tikuonera filimu, atulukira a James Hong, wina n'kuyamba kuseka amvekere: "Aa, m'dala uyu mpaka lero akadali wogulitsa m'sitolo? Zaka zonsezi osakhalako mwini filimu, zinamukanika basi." Zinamukanika? Mukunena ndinu amene simunaimepo kutsogolo kwa kamera ngakhale mphindi imodzi?

Bambo amenewa anabadwa mu 1929 ku Minneapolis, ku America. Anaphunzira uinjiniya, ntchito ya misewu anaipeza ku Los Angeles, koma anaisiya m'zaka za m'ma 1950 chifukwa cha zisudzo. Kuchokera pamenepo aoneka m'mafilimu ndi m'masewero a pa TV opitirira 600. Tsekwe uja amene analera Po mu Kung Fu Panda, mawu akewo ndi a iwowa. Ndiye muziti zinawakanika? Munthu amene amuitana kuntchito maulendo 600 ndi wolephera? Wolephera amamuitana kamodzi, sabwerezanso.

Anthu ngati amenewa ndi amene amanyamula filimu. Lero ndi dokotala, mawa wapolisi wakatangale, mkuja woweruza, tsiku lina malume ovuta. Amapatsidwa mphindi zitatu, mizere isanu, ndipo m'mphindi zomwezo ayenera kukukhulupiritsani kuti munthuyu ali ndi kwawo, ali ndi ngongole, anakangana ndi mkazi wake m'mawa. Mwini filimu ali ndi maola awiri oti mumukonde. Uyu alibe. Ndiye luso lalikulu lili kwa ndani? Chotsani anthu amenewa muone ngati ngwazi yanu ija izimenyana ndi mpweya. Mutu umodzi susenza denga.

Inde, Hollywood imagulitsa nkhope imene ili pa chikwangwani, komanso kwa zaka zambiri munthu wachitchaina sankamupatsa malo akutsogolo. Koma ife oonerafe tili ndi chifukwa chanji chonyozera? A Hong nyenyezi yawo pa Hollywood Walk of Fame, msewu umene amalembapo mayina a akatswiri powalemekeza, anaipeza mu 2022 ali ndi zaka 93, ndipo anzawo anachita kusonkha ndalama, motsogozedwa ndi wochita zisudzo mnzawo Daniel Dae Kim. Zaka 93! Harry Dean Stanton anakhala zaka pafupifupi 30 akusewera zigawenga ndi zidakwa, udindo wotsogolera filimu n'kudzaupeza mu 1984 ali pafupi kukwana zaka 60. J.K. Simmons mphoto yaikulu ya mafilimu ya Oscar anaigwira mu 2015 ali ndi zaka 60. Kodi luso linawabwerera usiku umodzi? Analipo kale, maso athu ndi amene anali kwina.

Pa sitalaka ya ochita zisudzo ku America mu 2023, imene inatha masiku 118, bungwe lawo la SAG-AFTRA linanena kuti mamembala ambiri sapeza ngakhale madola 26,470 pachaka oti alowere pa inshuwalansi ya zaumoyo. Ndiye wina wadya thukuta la zisudzo zokhazokha zaka 70, inu muli pampando mukumuseka.

Ndipo inu a Netflix ndi anzanu, khalidwe lanu lija nalo limandinyansa. Filimu ikangotha, mayina asanayambe n'komwe kukwera, mwawafinyira kale pakona, mwatiikira ina. Munthu ukufuna udziwe kuti amene anasewera wapolisi uja ndi ndani, uchite kuthamangitsana ndi rimoti ngati waba.