Ofufuza makanema akale sitiwapatsa ulemu wokwanira

Pa anthu onse amene maina awo amadutsa kumapeto kwa filimu, ndikuona kuti amene timamunyalanyaza kwambiri ndi katswiri wofufuza makanema akale, chonsecho nthawi zina filimu yonse imakhala itatsamira pa iyeyo.

Taonani filimu ya Apollo 11, yonena za ulendo woyamba wokafikitsa anthu pamwezi, imene Todd Douglas Miller anatulutsa mu 2019, patatha zaka 50 chipondereni anthu pamwezi. M'filimuyi mulibe wofotokoza nkhani, mulibenso wofunsidwa mafunso, koma pafupifupi zonse ndi zimene zinajambulidwa nthawi ya ulendowo. Ku National Archives, nkhokwe yosunga zinthu zakale za boma la America, kunapezeka mafilimu a 65mm amene anthu wamba anali asanawaonepo, ndipo mawu ojambulidwa analipo a maola oposa 11,000. Vuto linali lakuti makanema ambiri a m'chipinda choyang'anira ulendowo ku Houston anali opanda mawu. Stephen Slater, wa ku England, ndi amene analimbana ndi ntchitoyi, akuyang'anitsitsa milomo ya olankhula ndi mawotchi ooneka m'kanemamo, mpaka liwu lililonse litabwerera pakamwa pa mwini wake. Amene amati ntchito imeneyi ndi yongofukula mabokosi afumbi, sanaganize bwino za kuleza mtima kumene kunafunika pamenepo.

Kupeza kanema ndi chiyambi chabe. Katswiriyu ayenera kutsimikizira kuti anajambulidwa liti, kuti, ndiponso ndi yani, kenako afufuze mwini wake ndi kukambirana naye za chilolezo, chifukwa nkhokwe zambiri zimalipiritsa pa sekondi iliyonse imene mwagwiritsa ntchito. Akalakwitsa poyamba paja, oonera amanamizidwa osadziwa, monga zimachitikira kanema wa kusefukira kwa madzi kwa chaka china akaikidwa pa nkhani ya chaka chino. Ine ndimaona kuti chimenecho ndi bodza ndithu, ngakhale mawu onse a mtolankhaniyo atakhala oona.

Kwathu kuno ku Malawi nkhaniyi ndi yolemera, chifukwa wailesi ya kanema inayamba mochedwa, mu 1999, pamene TVM inatsegulidwa. Munthu wofuna kuonetsa Nyasaland, kubwera kwa Dr Kamuzu Banda mu 1958, kapena ufulu wa pa 6 July 1964, kawirikawiri amakagogoda ku nkhokwe zakunja monga British Pathé, ndipo mbiri ya dziko lake lomwe amaipeza ili ndi mtengo. Zimenezo sitingazisinthe tsopano. Chimene chikundidetsa nkhawa ndi matepi a VHS ndi Betacam a zaka zapitazi, amene ali m'makabati otentha opanda cholembedwa chilichonse pamwamba, pamene anthu amene angazindikire nkhope za m'menemo akunka nakalamba. Makina osewerera VHS anasiya kupangidwa mu 2016, ndipo otsalawo akawonongeka zipangizo zake ndi zosowa.