Yoko Shimomura, mayi amene tinakula tikuimba nyimbo zawo osawadziwa

Sabata yatha ndili pa depoti kudikira minibasi, mnyamata wina wogulitsa mayunitsi ankaimba mluzu. Chuni chake ndinachizindikira asanapite nacho patali. Chinali cha Guile, msilikali wa ku America wa tsitsi loima ngati tsache uja, wa mu gemu ya ndewu ya Street Fighter II. Mnyamatayo pomuona sanakwanitse zaka 20, chonsecho gemuyo inatuluka mu 1991. Ndinamufunsa kuti, "Achimwene, nyimbo imeneyi munaimva kuti?" Anati amangoimva m'timavidiyo ta pafoni. Woipeka sankamudziwa.

Inenso ndinatha zaka zambiri ndili choncho. Tinkaunjikana m'kachipinda ka magemu, awiri akusewera, enafe tikudikira kuti wina agonje, tonse tikuimba chapakamwa chuni cha Ken ndi cha Ryu. Palibe anaganizapo kuti kwinakwake kuli munthu amene anakhala pansi n'kuzipeka. Tinkangoona ngati nyimbozo zimabadwira m'makina momwemo.

Munthuyo alipo, ndipo ndi mayi. Dzina lawo ndi Yoko Shimomura. Ine ndimawawerengera m'gulu la akatswiri enieni opeka nyimbo amene ali moyo lero, popanda kuwonjezera mawu ochepsa aja akuti "koma za magemu". Mawu amenewo ndi amene amandipweteka, chifukwa tikamawanena timakhala tikutanthauza kuti ndi za ana, zongotayitsa nthawi.

Mayi Shimomura anabadwa pa 19 Okutobala 1967 m'chigawo cha Hyogo ku Japan. Piyano anayamba kuiphunzira ali kamwana, ndipo mu 1988 anamaliza maphunziro a piyano pa Osaka College of Music. Njira yawo inali yolambulidwa kale: kukhala mphunzitsi wa piyano, ntchito yolemekezeka yoti kholo likhoza kuitchula pagulu mutu uli m'mwamba. Koma iwo ankakonda magemu, ndiye anakalembetsa ntchito ku Capcom, kampani ya magemu ya mumzinda wa Osaka womwewo imene inadzapanga Street Fighter II, n'kutengedwa. Makolo ndi aphunzitsi awo sanakondwe nazo. Ine sindiwadzudzula makolowo. Paja amati fodya wako ndi amene ali pamphuno. Mu 1988 nyimbo za m'magemu anthu ambiri ankaziona ngati phokoso la makina, ndiye mwana amene mwamulipirira sukulu ya nyimbo zaka zonsezo akuuzeni kuti akukapanga phokoso limenelo, mtima wanu ungakhale m'malo?

Tsono taonani chimene anakachipeza kumeneko. Munthu anazolowera piyano, imene zala khumi zimatha kuliza mawu ochuluka mmene ungafunire, mofewa kapena mwamphamvu. Makina a Capcom a nthawi imeneyo, otchedwa CPS-1, anali ndi chip (kachipangizo kotulutsa mawu) ya Yamaha, YM2151, imene inkatulutsa mawu 8 okha pa nthawi imodzi, kuphatikizapo kachip kena kosunga timawu tojambulidwa monga kulira kwa ng'oma ndi kukuwa kwa omenyana. Panalibe woimba gitala, panalibe woliza lipenga. Liwu lililonse ankachita kulilowetsa mu kompyuta. Komanso makinawo sankaseweredwa m'nyumba mwakachetechete. Ankawandandalika m'maholo a magemu, ambirimbiri moyandikana, onse akulira nthawi imodzi, anyamata akukuwa, ndalama zachitsulo zikugwera m'kati. Wotchi ya raundi imayambira pa 99, ndipo nkhondo zambiri zimatha isanafike pa ziro. Nyimbo yako ikapanda kumugwira munthu m'masekondi ochepa oyambirira, basi yapita.

Apa ndi pamene pagona nkhani yanga yonse. Wopeka wa masiku ano akhoza kubisa chuni chofooka pansi pa zoimbira zambiri ndi mawu okongoletsedwa mu situdiyo. Mayi Shimomura analibe pobisala. Chimene chinatsala m'manja mwawo ndi chuni chokha, chopanda chovala, ndipo chinayenera kukhala chakuti munthu akachimva kawiri azichiimba popita kwawo. Umboni woti anakwanitsa ndi mnyamata wa pa depoti uja. Mluzu ndi liwu limodzi lokha, ulibe ng'oma, ulibe besi. Nyimbo imene imamvekabe kuti ndi iyo ikamaimbidwa pa mluzu patatha zaka zoposa 30, m'dziko limene woipeka sanaliganizire n'komwe poilemba, imeneyo ndi nyimbo yomangidwa bwino.

Street Fighter II inali ndi omenyana 8 oti usankhepo, aliyense ndi dziko lake: Ryu ndi E. Honda a ku Japan, Ken ndi Guile a ku America, Chun-Li wa ku China, Dhalsim wa ku India, Zangief wa ku Soviet Union, ndi Blanka wa ku Brazil. Aliyense anapatsidwa nyimbo yake yofotokoza khalidwe lake. Ya Ryu ndi ya munthu wodziletsa amene ali pa ulendo wautali. Ya Ken ndi yamatama, ya mnyamata wodzidalira. Ya Guile imangokupatsa mphamvu ngakhale ukugonja. Ya Blanka, chilombo chobiriwira chija, mayiwa anafotokozapo kuti inawabwerera ali m'sitima, ataona thumba la pepala lobiriwira pa shelefu yoikapo katundu. Ndiye pali kanthu kena kamene tonse tinkakamva m'thupi koma osakatchula: mphamvu za womenya zikatsala pang'ono kutha, nyimbo ija imayamba kuthamanga, ndipo manja ako amayamba kutuluka thukuta.

Ndisabise mbali imene sindigwirizana nayo. Maiko a mu gemu ija ndi maiko a m'maganizo a anthu a ku Osaka, osati enieni. India wake ndi wa njovu ndi munthu wolavula moto, Brazil wake ndi wa chilombo cha m'nkhalango. Africa munalibe n'komwe mwa 8 aja, mpaka Elena wa ku Kenya atabwera mu Street Fighter III mu 1997. Nyimbo nazonso zinatsatira zithunzi zomwezo. Koma zimenezo sizichotsa luso la mmene zinapangidwira. Ndiyeneranso kunena chilungamo kuti si nyimbo zonse zinali zawo: ya Sagat anaipeka ndi mnzawo wa pantchito, Isao Abe.

Nanga bwanji dzina lawo sitinkalidziwa? Chifukwa china n'chakuti silinalembedwe. Makampani a magemu a ku Japan m'zaka zimenezo ankakonda kubisa antchito awo kuseri kwa maina ongopeka, mwa zina poopa kuti makampani ena angawanyengerere. Ukamaliza Street Fighter II, pa mndandanda wa opanga pamaoneka "Shimo-P." Ndi zomwezo basi. Gemu imene pa makina osewerera kunyumba a Super Nintendo pokha inagulitsidwa makope oposa 6 miliyoni, woipekera nyimbo akungotchedwa ndi dzina lachibwana. Ndipo sanali okha. Gulu la zamawu la Capcom linali ndi amayi angapo aluso, monga Manami Matsumae amene anapeka nyimbo za Mega Man yoyamba mu 1987, ndi Harumi Fujita. Ku Konami kunali Michiru Yamane wa Castlevania. Anyamata ambiri amene ankanena kuti magemu si za atsikana anakula akuvinira nyimbo za amayi amenewa.

Chimene ndimawalemekezera kwambiri mayi Shimomura ndi chimene anachita mu 1993. Gemu yawo inali itagwedeza dziko lonse, ntchito inali yokhazikika, ndipo akanatha kukhala pomwepo n'kumapanga nyimbo za ndewu mpaka kupuma. Koma mtima wawo unali pa magemu a nthano zazitali aja, otchedwa RPG, amene munthu umasewera kwa masabata, momwe muli malo a nyimbo yachisoni, ya chikondi, ya kusungulumwa. Ku Capcom mwayi wotero unali wochepa. Anasiya ntchito n'kupita ku Square, kampani ya Final Fantasy, kumene kunali kale chimphona pa kupeka nyimbo, Nobuo Uematsu. Kumeneku kunali kusiya ufumu wa pamudzi pako n'kukayambiranso pakhomo pa eni.

Zimene zinatsatira zikuonetsa kuti sanalakwitse. Live A Live mu 1994, gemu ya nkhani zosiyanasiyana kuyambira nthawi ya anthu okhala m'mapanga mpaka m'tsogolo mwa maroboti, iliyonse ndi kaimbidwe kake. Front Mission mu 1995 pamodzi ndi Noriko Matsueda. Super Mario RPG mu 1996, momwe anayenera kutenga nyimbo za Mario zopekedwa ndi Koji Kondo zimene dziko lonse linkazidziwa n'kuziika pambali pa zawo popanda msoko kuoneka. Parasite Eve mu 1998, nkhani yoopsa yochitikira ku New York, momwe anasakaniza opera ndi nyimbo za makina. Legend of Mana mu 1999, imene nyimbo yake yaikulu inaimbidwa m'chilankhulo cha ku Sweden. Munthu mmodzi, m'zaka zisanu zokha.

Kenako mu 2002 kunabwera Kingdom Hearts pa PlayStation 2, ntchito imene Square inachitira limodzi ndi Disney motsogozedwa ndi Tetsuya Nomura. Amene munaisewera mukudziwa chimene chimachitika usanadine batani lililonse. Pamamveka mafunde a nyanja, kenako piyano yokha, pang'onopang'ono, mawu ochepa obwerezabwereza. Nyimboyo ndi "Dearly Beloved", ndipo yakhala ikubwerera, itavala zovala zina, pa chiyambi cha magemu otsatira a Kingdom Hearts. Ine ndikaimva ndimamva mtsikana wa pa Osaka College of Music uja akubwerera ku choimbira chake atazungulira zaka 14. Mvetserani nyimbo ya Guile, kenako mumvetsere imeneyi. Ina ndi moto, ina ndi misozi, koma dzanja ndi limodzi, ndipo zonse ziwiri mukhoza kuziimba pa mluzu.

Chaka chomwecho anachoka ku Square kupita ku tchuthi cha uchembere, ndipo kuyambira 2003 akhala akugwira ntchito paokha. Ambiri akanaganiza kuti apa nyenyezi yazima. M'malo mwake makampani ndi amene anayamba kuwatsata. Nintendo inawapatsa magemu a Mario & Luigi kuyambira ndi Superstar Saga mu 2003. Square, imene inasanduka Square Enix, sinawasiye pa Kingdom Hearts. Anapekako nyimbo za Xenoblade Chronicles ya mu 2010. Gemu imene inalengezedwa mu 2006 ndi dzina lakuti Final Fantasy Versus XIII inavuta kupanga, inasintha dzina, inasintha woitsogolera, ndipo inadzatuluka mu Novembala 2016 ngati Final Fantasy XV. Zaka 10 zonsezo wopeka wamkulu wa nyimbo zake anali yemweyo. Chaka chimenecho London Philharmonic Orchestra inaimba nyimbo za gemuyo ku Abbey Road Studios. Munthu amene anayamba ndi mawu 8 a chip tsopano anali ndi gulu lonse la mavayolini ndi malipenga.

Wina anganene kuti, "Zonsezo tamva, koma nyimbo yeniyeni ndi imene imaimbidwa payokha, osati yoperekeza masewera." Ine ndimakana. Nyimbo zambiri zimene timazilemekeza kwathu kuno zili ndi ntchito imene zimaperekeza. Pali za pamtondo, za paukwati, za pamaliro, za m'bwalo la gule. Palibe amanena kuti nyimbo ya pamtondo ndi yachabe chifukwa inapekedwa kuti igwirizane ndi kugunda kwa munsi. Luso lake lili pomwepo, pakuti ikuthandiza ntchito koma ikachotsedwa pantchitopo imakhalabe yokoma. Nyimbo ya mu gemu ili ndi mtolo wina wowonjezera: imabwerezedwa kambirimbiri, mwina maola atatu uli pamalo amodzi ukulephera kudutsa, ndipo siyenera kukutopetsa. Ndi opeka angati angapirire mayeso amenewo?

Dziko la Japan lenilenilo linayankha funso lakuti kaya nyimbo za magemu ndi nyimbo zenizeni pa 23 Julayi 2021. Pa mwambo wotsegulira masewera a Olympics ku Tokyo, pamene magulu a maiko ankalowa m'bwalo ndi mbendera zawo, nyimbo zimene zinkaimbidwa zinali za m'magemu: Dragon Quest, Final Fantasy, Sonic, ndi zina, kuphatikizapo za mayi Shimomura za mu Kingdom Hearts. Othamanga athu a Malawi ndi a Zambia analowa nawo m'bwalo limenelo usiku umenewo. Dziko likafuna kudzionetsa kwa alendo limatulutsa mbale zabwino za m'kabati, ndipo Japan inatulutsa nyimbo zomwe zija makolo ankadandaula nazo mu 1988.

Mphotho zinabwera mochedwa. Mu 2024 anapatsidwa ulemu wa ntchito ya moyo wonse pa Game Developers Choice Awards ku San Francisco. Mu Epulo 2025 ku London analandira BAFTA Fellowship, ulemu waukulu kwambiri wa BAFTA, bungwe la ku Britain loona za mafilimu, TV ndi magemu, umene Shigeru Miyamoto, amene anayambitsa Mario, analandira mu 2010. Ndinakondwa, koma ndinawerenganso zaka: kuchokera 1991 kufika 2025 ndi 34. Nthawi yonseyo nyimbo zinkayenda dziko lonse, dzina lili m'mbuyo.

Minibasi itafika, ndinagula yunitsi kwa mnyamata uja, ndipo kuseri kwa kapepala kake ndinamulembera dzinalo. Analiwerenga pang'onopang'ono, "Shi-mo-mu-ra," kenako anandiyang'ana. "Bwana, mukuti ndi mzimayi?" Ndinamuuza kuti inde, ndipo akadali moyo, akupekabe. Kondakitala anali atayamba kale kumenya chitseko. Ndikukhala pampando ndinamuona akupinda kapepalako n'kukaika m'thumba la malaya.