Misozi ya Loweruka ija yauma kale?

Loweruka madzulo tinadzazana pakhonde la aneba ku Kapata, muno mu Chipata, kuonera kanema wa kamtsikana kosalidwa ndi anzake kusukulu. Azimayi misozi chuchuchu, wina mpaka kuminira m'chitenje. "Mayo ine, mwana wa eni!" Chabwino.

Lolemba ndikupita ku Saturday Market ndinadutsa kumbuyo kwa sukulu ina ya pulayimale, nthawi ya buleki. Kamtsikana ka giledi 4 kapena 5 kali phee pa njerwa kuseri kwa chimbudzi, kakutola chimanga chokazinga m'thumba la yunifomu, njere imodzi imodzi, kuti belu lichite kukapeza kakadali kutafuna. Anzake ali pa chiyato. Katangosendera pang'ono, wina anakuwa kuti, "Choka iwe, amayi anati tisamasewere nawe!" Wokuwayo ndikumudziwa bwino. Amake ndi aja a chitenje chonyowa aja.

Inu azimayi, inu azibambo, mwana amabadwa akudziwa kuti mnzake ndi wa ku komboni ya Mchini ndiye asamugawire vitumbuwa? Anamva kuti? "Uja amake amamwa ma ARV." "Uja khungu lakelo, usakhale naye desiki imodzi." "Uja wangochoka kumudzi ku Chadiza, Chizungu chimamukanika." Mumayankhula mukusenda mbatata, mwana ali pambali makutu tcheru, m'mawa wakazitula m'kalasi.

Boma la Zambia linachotsa malipiro a sukulu mu 2022, ana amasiye ndi ana a osauka anabwerera m'makalasi. Inu ndiye mwati muwatulutse ndi pakamwa?

Nanunso aphunzitsi. Makalasi adzaza, tikudziwa, koma mwana amene anzake amamusiyira benchi yonse yekha, pamene ena akupanikizana anayi anayi, simumuona? Mukuyembekeza kuti adzabwere yekha kudzanena? Sabwera. Amayamba ndi "m'mimba mukupweteka" m'mawa uliwonse, kenako amavala yunifomu n'kukathera tsiku ku mtsinje wa Lunkhwakwa. Komweko ndi kumene chamba ndi mimba zimamupeza. Ena amafika podzichotsera moyo, ndiye pamaliro mudzakhale patsogolo kunena kuti anali mwana wofatsa. Wofatsa? Anali ndi yani woti ayankhule naye? Nambala ya foni ya 116, yothandizira ana amene ali pa mavuto, ndi yaulere, koma ndani wa inu anauzapo mwana kuti ilipo?

Loweruka likubwerali musandiitane ku kanema wanuyo. Mukalire nokha.