Chimombo sanali wa ndakatulo za Napolo zokha

Alembi, zikomo pokumbukira Prof. Steve Chimombo, koma apa mwati ankadziwika ndi ndakatulo za Napolo basi ndiye mwawachepetsa. Bambowa analinso katswiri wosanthula zolembalemba. M'buku lawo la 1988, Malawian Oral Literature, anakana zoti nthano, nyimbo ndi magule athu tiziziyeza ndi miyeso ya azungu. Anapeka mawu awoawo akuti "ulimbaso" kuchokera m'Chichewa momwemu, kuti luso lathu tizilifotokoza ndi lilime lathu. Izi mwazidumpha bwanji?

Nanga sewero la The Rainmaker la 1978, lonena za M'bona, woitana mvula wa m'mbiri ya Amang'anja? Ife tinalisewera tili kusekondale. Buku linalipo limodzi lokha, lothothoka chikuto, ndiye aliyense ankakopera mbali yake m'kope usiku pa nyali ya koloboyi. Mpaka lero mawu ena ndimawakumbukira, ngakhale dzina la mphunzitsi wa masamu ndinaliiwala kalekale.

Ndipo inu amene mukufunsa m'munsimu kuti Napolo ndi ndani, kafunseni agogo a ku Zomba za madzi a 1946, kapena a ku Phalombe za 1991. Ndi chinjoka chija amati chikamasamuka m'phiri chimakokolola midzi. Namondwe wa Freddy atagumula phiri la Soche mu 2023, ine ndinangokumbukira Chimombo.

Chondiwawa n'chakuti anamwalira mu 2015, koma lowani m'sitolo ya mabuku mufunse buku lawo. Mwezi watha ndinayesa ku Blantyre, mnyamata wogulitsa anandifunsa ngati Chimomboyo ndi m'busa.