Foni m'manja, miyoyo yathu pamsewu

Loweruka lapitali ndinakwera Sienta kuchokera ku Lilongwe kupita ku Ntcheu, ndipo mpaka lero mtima wanga sunatsike chifukwa cha zimene anatichita dalaivala. Titangodutsa Dedza, mkuluyu analumikiza foni yake ku wailesi ya m'galimoto kudzera pa Bluetooth, kenako n'kuyamba kusaka nyimbo, dzanja limodzi lili pachiwongolero, lina likutokosa foni, maso ali pansi. Pofika pa Lizulu, pamene aliyense woyenda mumsewu wa M1 amadziwa kuti ogulitsa mbatatesi, kabichi ndi tomato amadzaza mpaka m'mphepete mwa phula, tinangotsala pang'ono kuwomba mnyamata wa kabaza amene ananyamula mayi wobereka mwana kumbuyo. Titakuwa tonse m'pamene anadzutsa mutu n'kuponda mabuleki. Nditamuuza kuti, "Achimwene, foniyo isiyeni kaye," anandiyankha uku akuseka kuti msewuwo anauzolowera kalekale.

Yankho limenelo ndi limene landipsetsa mtima koposa. Munthu amene wanyamula miyoyo ya anzake alibe ufulu wosankha nyimbo galimoto ikuyenda. Tinamulipira kuti ayang'ane kutsogolo, ndipo palibe mmodzi wa ife amene anapereka ndalama kuti asangalatsidwe ndi nyimbo. Galimoto yothamanga makilomita 80 pa ola imadutsa mamita 22 pa sekondi iliyonse, kutanthauza kuti masekondi 3 okha amene maso ake anali pa foni, ife tinayenda mamita oposa 60 opanda wotiyang'anira njira. Ngakhale msewu utauzolowera chotani, sungadziwiretu mwana amene athamangire pa phula lero, kapena mbuzi imene itulukire patchire. Akuluakulu anati mapanga awiri avumbwitsa, koma pano ovumbwawo ndife okwera ndi anthu oyenda pansi amene sanalakwe kanthu.

Ndikudziwa kuti mawailesi a galimoto zambiri zochokera ku Japan amalekezera pa 90 FM ndipo sagwira nyumba zambiri zoulutsira mawu za kuno, n'chifukwa chake madalaivala amadalira foni. Zimenezo sizipatsa munthu chilolezo choweramira foni ali pa liwiro. Nyimbo zisanjidwe galimoto isananyamuke pasiteji, zizingotsatana zokha. Ngati ina yamutopetsa, apereke foniyo kwa wokhala kutsogolo, apo ayi aime pambali. Dzanja la dalaivala malo ake ndi pachiwongolero, maso ake pamsewu, kuyambira ponyamuka mpaka pofika.

Komanso anthu olumikiza mafoniwa amaiwala kuti wina akaimba, mawu amatulukira m'masipika onse. Tisanafike pa Ntcheu tinamva, tonse amene tinali mmenemo, ana omwe, mkangano wake ndi munthu amene amamulonjerera ngongole, pamodzi ndi zotukwana zimene sindingazilembe pano. Mayi wina wachikulire anachita kutseka makutu a mdzukulu wake ndi manja.